Yotamu Daka Uti?

Ndinatsika minibasi pa Kulima Tawa
dzuwa lisanayambe kuluma,
envulopu ya khaki ili m'khwapa.
Ndinkafuna pepala limodzi lokha
lonena kuti puloti ya ku Chawama inali ya atate,
kuti amayi asawatulutsire katundu panja
mvula ikubwerayi.

Ku ofesi ya kaundula
kalaliki wa magalasi omanga ndi ulusi anafunsa dzina.
Ndinati Yotamu Daka.
Osadzutsa nkhope, iye anati:
Uti?

Ine ndinkayesa dzina ndi jekete la munthu mmodzi,
lija timalipeza pamsomali kuseri kwa chitseko.
Anabwera ndi mafailo anayi,
kuwaponya pakauntala, fumbi kuti kobo.
Sankhani bambo anu, anatero,
ine ndikukamwa tiyi.

Woyamba anabadwira ku Katete ngati atate,
koma anasiya ngongole ya madzi ku Matero,
zaka zisanu ndi ziwiri.
Wachiwiri anakhalapo mboni kukhoti
pa mlandu wa njinga yobedwa,
ndipo anadinda ndi chala.
Atate ankalemba okha,
zilembo zopendekera ngati chimanga chowombedwa ndi mphepo.

Wachitatu anali khanda.
Masiku khumi ndi limodzi.
Mapepala awiri basi, lobadwira ndi lofera,
pini yadzimbiri itawaluma pamodzi.
Failo imeneyo ndinaitseka mwapang'onopang'ono
ngati ndikumufunditsa.

Yachinayi inali yonenepa.
M'kati ndinapeza imfa ya atate,
tsiku lake lenileni, Lachitatu lija,
ndi siginecha yanga yonjenjemera pansi.
Koma chithunzi chinali cha munthu wina,
wa mpata kumano, makutu otambalala,
mlonda wa pachigayo ku Kanyama.
Atate anayendetsa basi moyo wawo wonse.

Ndinabwerera pabenchi miyendo italema.
Pambali panga panali mkulu wina,
nsapato zopukuta bwino koma zopanda zingwe,
akusenda nthochi mosafulumira.
Anandigawira theka.
Mwana wanga, anatero, uno ndi mwezi wachisanu ndi chinayi.
Penshoni inaima.
Akuti ndinamwalira Lachitatu lina lake.
Ndimabwera Lolemba lililonse kudzawaonetsa kuti ndikupuma,
iwo amati kupuma si umboni,
bweretsani kalata.

Anaseka.
Ndinaona mpata uja kumano.

Nthochi inandikanira pakhosi.
Ndimuuza bwanji munthu
kuti maliro a atate anga ndi amene anamudyera ndalama ya ufa?
Kuti ife tikulira ku Chawama
cholembera cha munthu wotopa
chinkamukwirira iye ku Kanyama?

Ndinatulutsa chitupa cha atate, chothetheka m'mbali.
Iye anatulutsa chake m'thumba la shuga.
Tinaziyika pabondo langa, ziwirizo.
Dzina limodzi, chaka chimodzi, boma limodzi.
Nambala yomaliza yokha:
pa atate folo, pa iye naini,
ndipo inki itathawa pang'ono
folo ndi naini ndi mapasa.

Anayang'anitsitsa nkhope ya atate nthawi yaitali.
Ndiye uyu, anatero.
Anadwala nthawi yaitali?
Ndinati ayi, sabata ziwiri.
Anavula chipewa.

Kalaliki atabwerako tinaima tonse awiri,
wakufa wamoyo ndi mwana wa wakufa weniweni.
Anawerenga, anakanda m'mutu,
anatipatsa fomu ya masamba atatu
nati tibwere Lachinayi ndi mboni.

Panja mitambo inali itayamba kuda cha ku Kafue.
Ndalama ya basi analibe, ndinamulipirira.
Kondakitala anakuwa, adadi anu akhale kutsogolo!
Palibe anamukonza.

Madzulo amayi anafunsa ngati ndawapeza atate.
Ndinati ndapeza anayi.
Mmodzi amakonda nthochi,
ndipo Lachinayi tikumana naye pageti
eyiti koloko.